Ufa Umene Tinathira M'khwawa

Chaka chimene madzi anatikokolera nkhokwe zonse, mudzi wa kuchikamwini kwanga unagwirizana zosamuka. Tinkakhala m'mphepete mwa Shire, m'dera la Mbenje. Njanji inali itangoyalidwa kumene, ndipo sitima zapamadzi zinali zisanasiye kuima pagombe kudzatenga nkhuni. Ine ndinali Msena wochokera kumunsi, cha ku Marka, munthu wa bwato ndi khoka. Pa nkhani za mudzi mawu anga sankapita patali, koma miyendo ndi maso ndinali nazo.

Mwini mbumba anali mlamu wanga, mlongo wake wamkulu wa mkazi wanga. Maso ake anali atachita ng'ala, moti chitsa ankachipatsa moni. N'chifukwa chake popita kukafuna malo atsopano anatenga ine. Mwambo wake unali wosavuta. Ukapeza malo okusangalatsa, umathira kamulu ka ufa wa mapira patsinde pa mtengo, n'kukagona chapatali. M'mawa ukapeza kamuluko kali bwinobwino, ndiye kuti malo akulola. Ukapeza kamwazika, umanyamula mphasa yako n'kupitirira.

Pa chigumulacho mkazi wanga anakhala masiku awiri mumtengo wa mkuyu, mwana ali kumsana, mbuzi zakufa zikudutsa pansi pake. Ine madzi anandipeza ndili kutsidya. Pondipatsa chipanda cha ufa wa paulendowo, mkazi wangayo anangoti, "Bambo a mwana, mukandipezere pogona posamva madzi." Ndinavomera ndi mutu, maso ali pa bwato langa.

Tsiku loyamba tinatsata gombe. Kuyenda ndi munthu wosaona bwino kumakuphunzitsa kulankhula, chifukwa chilichonse ankafuna ndimuuze. Ndinkamuuza za njira za mvuu zoboola bango, za ng'ona zowothera dzuwa pamchenga, za amayi okumba nyika, timizu todya ta m'madzi, m'thamanda, madzi ali m'chiuno. Koma iye chimene ankafunsa kwambiri ndi mitengo.

"Alamu, yang'anani m'mwamba. Zinyalala zafika pati?"

Madzi osefukira amasiya udzu ndi bango zitakodwa m'nthambi, ndipo munthu wa kuchigwa amawerenga zimenezo asanayang'ane nthaka. Ndinkayankha kuti zafika pamutu, kapena paphewa, ndipo tinkapitirira. Chakumadzulo tinafika pachitunda china cha mitengo ya bwemba, pamene zinyalala zinathera m'munsi, osakwera. Mtsinje unali pafupi ndithu, woti munthu atha kukokera bwato. Tinathira ufa, ndipo m'mawa mwake ndinaupeza uli chimodzimodzi.

"Pyadidi, zili bwino alamu, malo atilola. Tiyeni tizibwerera," ndinatero.

Iye anapendeketsa mutu. "Mlongo wanga anati posamva madzi. Ine pano sindikuwaona, koma ndikuwamva."

Choncho tinaufulatira mtsinje n'kulunjika kumapiri a kumadzulo. Dziko la pakati apo sindinalikonde, ndipo mpaka pano sindilikonda. Migwalangwa inatha, tinalowa m'nkhalango ya mitsanya, mitengo yokhala ndi masamba koma yopanda mthunzi. Nthaka inali yong'ambika, yotentha kumapazi. Tinadutsa mitsinje iwiri ya mchenga wokhawokha, ndipo pa wachiwiri ndinafukula ndi manja mpaka m'chigongono kuti tipeze madzi akumwa. Ndowe za njati zinali mbwee, zina za tsiku lomwelo. Mlamu wanga ankayenda atagwira nsonga ya ndodo yanga, akundiseka kuti Msena akachoka m'bwato amayenda ngati bakha. Ine ndinkamuyankha kuti bakhayo ndi amene akumutsogolera.

Tsiku lachitatu tinayamba kukwera. Njira inalowa m'khwawa lalitali pakati pa mapiri awiri, ndipo mpweya unasintha nthawi yomweyo. Munali mitengo italiitali ya mbawa, nsungwi zambiri, anyani akutikuwiza pamathanthwe. Titakwera pang'ono khwawalo linatambasuka n'kukhala chigwa chaching'ono cha nthaka yakuda. Kasupe ankatuluka pansi pa mwala mwakachetechete, madzi ake ozizira mpaka kuwawitsa mano. M'nthambi munalibe chinyalala ngakhale chimodzi. Mlamu wanga anatapa dothi, analinunkhiza, analifikisa m'manja, kenaka anakhala pansi. Sindiname, malo abwino ngati amenewo sindinawaonenso moyo wanga wonse.

Madzulo ake, titathira ufa pansi pa mkuyu, ndinakwera ndekha pathanthwe. Chigwa chonse cha Shire chinali pansi panga, madambo, utsi wa midzi, ndi mtsinjewo uli kutali ngati ulusi wa thonje. Ndinawerenga ulendo wake: masiku awiri kwa munthu wolimba miyendo. Kuno ndikanakhala wolima mapira ndi kuthamangitsa anyani, mkamwini wopanda china chomudziwira. Ndinachita mantha, ndipo ndinawadziwa kuti ndi mantha.

M'mawa ndinalawira kukaona ufa, mlamu wanga akusukusula. Kamulu kanali chilili, kosongoka, koyera, ngakhale nyerere sinapondepo. Ndinaima pamenepo nthawi yaitali. Kenaka ndinatambasula mwendo n'kukakankha ndi chala chachikulu cha kuphazi.

"Nkhabe, ayi alamu," ndinamuuza atafika. "Kuno kwatikana. Ufa wamwazika."

Anagwada n'kuyamba kupapasa pansi pang'onopang'ono, monga ankachitira ndi chinthu chilichonse. Dzanja lake linapeza ufa, linatsata mzere umene chala changa chinasiya, n'kukaima pamene panali chidindo cha phazi.

"Nyerere za kuno zili ndi zala zikuluzikulu," anatero.



Anadzuka n'kusasa m'manja. "Amene mwaona ndinu, ine sindinaone kanthu. Ufa ukamwazika wamwazika, sitithira kawiri. Koma mlongo wanga mukamuuze nokha."

Pobwerera sitinasekane za bakha. Tinatsika khwawa, tinadutsa mitsanya ija, tinamwanso madzi a m'dzenje limene ndinafukula. Fungo la matope a Shire litandifika m'mphuno, mtima wanga unakhala pansi, ndipo ndinachita nawo manyazi mtimawo.

Mkazi wanga ndinamupeza akupeta mapira opempha kwa abale. Anafunsa osadzutsa mutu: "Kumapiri kunali bwanji?"

"Kwatikana. Koma pachitunda cha bwemba patilola."

Anayang'ana mlongo wake. Mlongo wakeyo anali akuyang'ana kumene ankayang'ana nthawi zonse, kopanda kanthu. Mkazi wanga anapitiriza kupeta.

Mudzi unasamukira pachitunda paja chilimwe chomwecho. Kunena zoona malowo sanatinamize. Madzi ankabwera zaka zina, ankazungulira chitunda, ankadya minda ya m'munsi, koma m'nyumba sanalowemo. Sitinataye munthu ndi madzi. Bwato langa linkagona pansi pa bwemba, ndipo ana athu anakula akudya nsomba. Mlamu wanga anamwalira osaitchulanso nkhani ija, kwa ine kapena kwa wina aliyense. Anthu ankanditama kuti ndinasankha bwino, ndipo ine ndinkalandira.

Koma mvula yoyamba ikangogwa, mkazi wanga ankatenga nsalu yake yakale n'kumangamo ufa pang'ono, chikho, mpeni ndi chingwe chomangira mwana kumtengo. Phukusilo ankaliika pakhomo, ndipo linkakhala pamenepo mpaka madzi ataphwa. Nyengo yonseyo ankaonda, maso ali ofiira, ndipo mtsinje ukayamba kulira ankasiya chimene akuchita n'kumvetsera. Ana atakula n'kupita kwawo, chingwe chija ankachimangirabe momwemo. Ndinkalidumpha phukusilo m'mawa uliwonse popita kubwato, zaka zonse zimene tinakhala limodzi.

Kamodzi kokha, tonse tili ndi imvi, anandifunsa tikusenda chinangwa pakhonde.

"Kumapiri kuja, madzi ankamveka?"

"Ayi," ndinatero. "Sankamveka."

Anagwedeza mutu n'kutenga chinangwa china. Anamwalira mwezi wa mvula, ndipo phukusi lake ndinalimasula ndine.