Matepi Amene Sindinatenge

Kwa zaka zitatu ndinkasamalira mayi ena okalamba mumzinda wa Alexandria, kutsidya kwa nyanja. Ndikafika m'mawa ndinkawasambitsa, kuwamwetsa mankhwala, kenako iwo n'kuloza kabati: "Ika tepi." Kwawo kunali kum'mawa kwa Ulaya. Boma la chikomyunizimu litagwa kumeneko, anagula kamera n'kuyamba kujambula timafilimu tatifupi ta m'tauni mwawo.

Poyamba zinkanditopetsa, ndisaname. Filimu yanji yopanda nkhani? Azimayi ali pamzere wa buledi, osadziwa kuti lero mtengo ukhala wotani. Fakitale yatsekedwa, koma anthu akubwerabe pageti m'mawa uliwonse poti palibe anawauza kolowera. Tsiku lina mufilimu ina ndinaona bambo wina akugulitsa jekete lake pamsika, akuseka mwamanyazi, ndipo ndinakumbukira bambo anga chaka chimene anawachotsa ntchito ku Limbe. Mayiwo anandigwira dzanja. "Mwamuna wanga uyo," anatero. Chithunzi china cha malemuwo analibe.

Matenda atakula anandiuza kawiri konse: "Mwana wanga alibe nazo ntchito izi. Tenga matepiwa upite nawo." Ine ndinakana. Aa, kunyamula katundu wa munthu akadali moyo, ngati ndikuwafulumizitsa? Komanso kwathu katundu wa malemu sitikhudza mpaka abale atakhala pansi n'kugawa. Ndinati ndidikira, mwana wawo wamwamuna uja adzatiitana, ndidzapemphe pamaso pa onse ngati munthu woleredwa bwino.

Anamwalira Lachiwiri. Sabata yathunthu ndinadikira kunyumba kwanga ku Greenbelt, foni ili m'manja. Zii. Nditapita ndekha kwa mayi aja ndinapeza m'nyumba muli pululu, anthu akupaka penti. Woyang'anira nyumbazo anati mwana uja anaitana kampani yotaya katundu, zonse anakweza tsiku limodzi. Ndinamuimbira foni mwanayo. "Pepani, mukananena," anatero. "Zakale zija angaonerenso ndani?"

Mukananena! Ndinakhala pamasitepe n'kulira ngati amwalira ndi mayi anga ondibereka. Mpaka lero mtima umandipweteka, ndipo ndimadzikwiyira. Mwiniwake anandipatsa ndi pakamwa pake, kawiri, ine n'kumati ndikuchita ulemu. Ulemu wanji wotayitsa munthu kudzala?

Bambo wa jekete uja tsopano watsala m'mutu mwanga mokha, ndipo nkhope yake yayamba kale kusokonekera ndi ya bambo anga.