Kufulatira Bwalo

Ntchito yanga kuno ku Doha ndi yaulonda. Masiku ambiri ndimaima pakhomo pa hotela ina ku Al Dafna, koma kukakhala mpira amatitumiza ku bwalo la ku Ras Abu Aboud, lija anamanga ndi makontena. Kumeneko lamulo ndi limodzi: mlonda aime m'mphepete mwa kapinga, msana ku mpira, maso kwa ochemerera. Ukangocheuka pang'ono, supavaiza watulukira. "Yalla, yalla!" akutero m'Chiarabu pokufulumizitsa, chala chikuloza anthu. Ndaimapo kambirimbiri, koma chigoli sindinachionepo ndi chimodzi chomwe. Ndimangomva mkokomo.

Zimenezi bambo anga ndinawabisira. Iwo kumudzi anali atauza kale aliyense, ndi ogontha omwe, kuti mwana wawo amaonera akatswiri a dziko lonse ali chapafupi. Mpira ankaukonda kuposa ndiwo zanyama. Ali mnyamata anasewera m'timu ya koleji ya uphunzitsi ya amishoni, chaka choyamba chimene kolejiyo inakhala ndi timu, nthawi imene mpira unali usanazolowereke kwathuko.

Lachisanu lililonse, tsiku langa lopuma, ndinkakhala pamasitepe a nyumba yathu ku Al Muntazah, poti m'chipinda timagona anthu ambiri, n'kuwaimbira pafoni ya mchemwali wanga.

"Tandiuza, sabata ino waona zotani?" ankayamba choncho.

Ine ndinkakhala nditaonera kale zigoli pafoni, ndiye ndinkazifotokoza ngati ndinaziona ndi maso angawa. Ndikamaliza, iwo ankandibwezera ndi masewero amodzi a chaka chawo chija. Mpira unali umodzi koleji yonse, wachikopa, womanga ndi chingwe. Mvula ikaunyowetsa unkalemera ngati dzungu, ndipo woumenya ndi mutu ankatsala ndi chidindo cha chingwecho pachipumi. Ankasewera opanda nsapato. Kokasewera ankapita pa lole ya mishoni, atakhalira matumba a chimanga, akuimba nyimbo za m'tchalitchi poti zina mphunzitsi wamkulu sankazilola. Anagonjetsa timu ya kuboma, ya kuesiteti, ya koleji ina yakumwera. Koma akafika pa masewero omaliza, olimbirana chikho, ankangoti, "Tinapambana," n'kuyamba kufunsa za kutentha kwa kuno.

Tsiku lina mchemwali anandiuza kuti bambo afooka, ndipo phala lomwe akulikana. Ndinachita mantha. Imfa ndinkaiopa, inde, koma chimene chinkandidya kwambiri n'chakuti apita atanyamula bodza langa. Lachisanu lotsatira ndinalimba mtima.

"Bambo, mundikhululukire. Ine pa duty sindiona mpira. Amatiuza kuyang'ana crowd basi, msana ku ground. Zonse zija ndimaonera pafoni ngati wina aliyense."

Ndinamva chifuwa, ndipo ndinaganiza kuti atsamwa. Koma ayi, kunali kuseka.

"Make mbuu, mwana mbuu!" anatero. "Tamvera tsono za masewero omaliza aja."

Anayankhula pang'onopang'ono, akupumira. Kutatsala sabata imodzi, mphunzitsi wamkulu anawabweretsera jombo, zoyamba m'moyo wawo. Za bambo zinali zothina, koma sananene, kuopa kuti apatsa wina. Anaganiza kuti jombo zimazolowera mwini wake ngati ng'ombe yangolo, ndiye anazivala sabata yonse popanda sokosi: m'kalasi, kumapemphero, ngakhale kudimba la koleji. Tsiku la chikho mapazi anali matuza okhaokha. Kuthamanga kunakanika, ngakhale atavula jombozo. Mphunzitsi anangowapatsa chingwe chotchingira anthu kuti asalowe m'bwalo, nawauza kuti ayang'ane kwa anthuwo, asacheuke.

"Ndinalira, mwanawe, bambo wamkulu ndevu zitamera kale. Koma chigoli ndinachiona. Patsogolo panga panali mayi wogulitsa nthochi. Ndinaona maso ake akutuzuka, kukamwa kukuyasama, kenako lichero linagwa. Chigoli chathu ndi chimenecho. Amayi ako anamwalira osadziwa kuti sindinasewere."

Tinaseka tonse mpaka mchemwali analanda foni kuti apumule. Asanaitseke ndinawamva akunena chapatali: "Umuuze asamaonere pafoni. Azisankha munthu mmodzi, aziyang'ana ameneyo, adzandiuze."

Ndinachita zomwezo. Loweruka ndinasankha mkulu wina wa ndevu zoyera, wovala mkanjo, amene anakhala mzere wachitatu. Timu yake itagoletsa sanakuwe. Anangogwira dzanja la mnzake n'kulifinya, milomo ikunjenjemera. Ndinazisunga bwinobwino mumtima, ndi mawu oti ndikayambire ndinawakonzeratu. Bambo anamwalira Lachitatu. Kumaliro sindinapite, tchuthi changa chinali chisanakwane.

Ndimawasowa kwambiri. Ndimasowa chifuwa chawo pafoni, ndi lole ya mishoni imene sindinaikwerepo. Mpaka lero ndikaima m'mphepete mwa kapinga ndimasankha nkhope imodzi, makamaka ya munthu wachikulire, n'kuonera pamenepo mpaka kherere womaliza. Lachisanu likafika ndimakakhalabe pamasitepe paja, foni ili m'manja, zigoli zonse ndili nazo.