Tsache M'munda wa Mpunga

Ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri pamene zinachitika zimene ndikufuna kufotokoza m'munsimu. Ndikupempha owerenga andilole ndiyambe ndi kulongosola za munda weniweniwo, pakuti popanda kutero nkhaniyi singamveke bwino.

Makolo anga anali m'gulu la anthu amene anathawira ku Malawi pa nthawi ya nkhondo. Anakhala ku Nsanje, ndipo mtendere utabwera anabwerera kuno ku Tete n'kumanga nyumba ku Matundo, kutsidya kwa Zambezi. Pobwerapo amayi anasenza mpunga wa mbewu womangidwa pachitenje, umene anapatsidwa ndi mayi wina amene anawasunga kumeneko. Unali mpunga wonunkhira, wa njere zazitali. Chaka chilichonse ankaubzala m'dambo la kufupi ndi pamene Revubwe amathira mu Zambezi, n'kupatulapo mbewu ya chaka chotsatira. Anansi athu Achinyungwe ankawaseka kuti Tete ndi dziko la mbuzi ndi masawu, mpunga ndi wa anthu a ku Kelimane. Koma tsiku loti waphikidwa, ana awo ankapezeka pakhomo pathu popanda wowaitana.

Mundawo unali wa zigawo ziwiri. Chachikulu chinali m'mbali mwa msewu ndipo chinkamwa madzi a m'ngalande. Chaching'ono chinali kuseri kwa chulu, chinkathiriridwa ndi madzi a pachitsime, ndipo n'kumene kunali mpunga wa mbewu. Ndiyenera kutsindika kuti kunyumba kunalibe mbewu ina yotsala. Yonse inali m'nthaka.

Izi zinachitika m'zaka zimene malasha a ku Moatize anakokera anthu ochokera kulikonse. Makamiyau, ndiye kuti malole akuluakulu, ankandandalika pamlatho wa pa Zambezi kuyambira m'mawa, ndipo aliyense wokhala ndi chipinda chapadera anapeza wokhalamo. Bambo analembedwa ntchito ya ulonda ku Moatize ndipo ankakwera shapa, minibasi ya kuno, m'bandakucha. Amayi anayamba kugulitsa chakudya chophika kwa oyendetsa makamiyau odikira pamlathopo. Motero munda unaikidwa m'manja mwanga, popeza ine ndinkalowa sukulu masana. Chipinda chathu chakumbuyo chinatengedwa ndi a Momade, Msilamu wa ku Nikowadala m'chigawo cha Zambeziya, amenenso ankayendetsa kamiyau. Ana tonse tinkawatchula a Tiyu Momade, kutanthauza amalume Momade. Chinyanja chawo chinali chosakaniza ndi Chipwitikizi, ndipo ankayamba kuseka asanamalize nthabwala zawo.

Mkati mwa dzinja kunagwa mvula ya mphepo masiku awiri. Patapita sabata, nsonga za masamba m'chigawo chachikulu zinayamba kuoneka ngati zadonthezedwa mafuta. Kenako zinachita chikasu, ndipo chikasucho chinatsika m'mphepete mwa tsamba mokhotakhota mpaka tsamba lonse linayera mbuu ngati udzu wa m'chilimwe. Lamlungu bambo anapita kukaona. Anapukuta tsamba limodzi, chala chawo n'kuda, ndipo anagamula pomwepo kuti mpunga ukupsa ndi fumbi la malasha. Palibe amene anatsutsa. Masiku amenewo fumbilo linkasenzetsedwa mlandu uliwonse, kuyambira chifuwa cha makanda mpaka nkhuku zoleka kuikira.

Ine ndinalingalira motere: ngati chovuta ndi fumbi, mankhwala ake ndi kulichotsa. Sindinauze munthu, chifukwa ndinkafuna kuti amayi adzapeze munda wachira n'kufunsa kuti wachita zimenezi ndani. Ndinamanga tsache la mlaza, n'kutenga ndowa. M'mawa uliwonse mame asanakamuke ndinkatunga madzi a m'ngalande, n'kumaviika tsache, n'kumasesa masamba mzere ndi mzere. Ndinachita zimenezi masiku anayi ndi khama lalikulu, msana ukuwawa, miyendo itayera ndi matope. Chikasu sichinaleke. Chinafika ngakhale m'mizere imene kale inali yobiriwira, ndipo ine ndinaona ngati ndikuchedwa, fumbi likundipitirira.

Loweruka ndinatsimikiza mtima kuti ndipulumutse mpunga wa mbewu fumbi lisanaufike. Ndinazungulira chulu ndi ndowa yanga ya madzi a m'ngalande, ndipo ndinali nditasesa mizere iwiri pamene ndinamva mawu kumbuyo kwanga. Anali a Tiyu Momade. Kamiyau yawo inali yowonongeka sabata imeneyo, ndipo ankapita kumtsinje kukachapa.

"Iwe Inasiyo, mpunga umenewu wakulakwira chiyani kuti uziukwapula ndi tsache?"

Ndinawayankha mwaulemu kuti ndikuchotsa fumbi la malasha, monga ndachitira m'chigawo chachikulu. Anatembenuka n'kuyang'ana chigawo chachikulucho kwa kanthawi, ndipo kuseka kunachoka pankhope pawo.

"Ima pomwepo. Tsachelo liponyere kunja. Tsopano tuluka cham'mbuyo, uziponda momwe unaponda polowa."

Nditatuluka anandigwira pamkono n'kupita nane m'mphepete mwa chigawo chodwalacho. Anawerama, n'kundionetsa timadontho tachikasu tokakamira m'mbali mwa masamba, tokhala ngati utomoni. Ine ndinali nditationa masiku onsewo, koma ndinkayesa mame. Kenako anatulutsa lumo m'thumba, n'kudula tsamba limodzi pamalire pamene chikasu chimakumana ndi kubiriwira. Anali ndi garafa, botolo la galasi, imene ankanyamuliramo madzi akumwa. Analowetsamo kachidutswa ka tsambako, n'kundipatsa garafayo kuti ndiikweze moyang'anizana ndi dzuwa, ndipo anandiuza kuti ndisaigwedeze.

Poyamba sipanaoneke kanthu. Ndinkangomva makamiyau akulira kumsewu ndi mkono wanga ukuyamba kulema. Kenako, pamene lumo linadula paja, panatuluka kaulusi koyera. Kanali kopyapyala kuposa tsitsi. Kanatsika pang'onopang'ono m'madzimo, kakupindika ngati utsi wa moto umene wangozima, ndipo pambali pake panatuluka kena, ndi kenanso. Palibe amene ankakhudza garafayo koma ine, ndipo ine ndinali nditasiya ngakhale kupuma. Tsamba limene ndinkaliyesa louma linali kutulutsa chinthu chimene chinali m'kati mwake nthawi yonseyi, ine ndikudutsa pambali pake m'mawa uliwonse. Ndaona zinthu zazikulu m'moyo mwanga, monga sitima za malasha zimene munthu sungaone mutu ndi mchira nthawi imodzi, koma palibe chimene chinandichititsa nthumanzi ngati kaulusi kameneko.

A Tiyu Momade anataya madziwo kutali ndi munda, n'kutsuka garafa, n'kuthiramo a pachitsime. Anadula tsamba lobiriwira la kumapeto kwa chigawo cha mbewu, lomwenso linali ndi fumbi lake, ndipo tinadikira nthawi yofanana. Madzi anakhalabe oyera.

Ndinawafunsa kuti nanga fumbi lija.

"Fumbi lilipo, ine ndimalimeza tsiku lililonse," anatero. "Koma fumbi silibereka. Izi zimabereka."

Anandifotokozera kuti utsi woyerawo ndi tizilombo tosaoneka ndi maso, totchedwa mabakiteriya, tochuluka kwambiri mwakuti tikatuluka pamodzi m'pamene timaoneka. Makolo awo ku Nikowadala anataya munda wonse ndi matenda omwewa, ndipo njira ya garafayi anaonetsedwa ndi tekiniko wa zaulimi amene anabwera mochedwa. Anati tizilomboti timalowa m'tsamba pamene lakandika, monga zimachitikira masamba akakhulana pa mvula ya mphepo, ndipo timayenda ndi madzi, ndi miyendo ya munthu woyenda m'mame. Atanena zimenezi anayang'ana tsache langa pamene linagwera. Ndinamvetsa ndekha kuti mlaza uja unkakanda masamba, madzi a m'ngalande n'kumalowetsamo matenda, ndi kuti mizere iwiri ya mbewu ya amayi ndinali nditaipatsa kale ndi manja anga.

Ndinapita ndekha kumlatho kukawauza amayi. Ulendo umenewo unatalika kuposa masiku onse. Ndinanena zonse nditaimirira pambali pa miphika yawo, makasitomala akumva. Amayi sanandikalipire. Anasiyira mnzawo malonda, n'kumanga chitenje, n'kunditsogoza. Kumunda a Tiyu Momade anabwereza za garafa zija, ndipo amayi anayang'ana kaulusiko nthawi yaitali, dzanja lili pakamwa.

"Bambo Momade, mbewuyi ingapulumuke?"

"Mama, ine si Mulungu. Koma tikatseka njira, mwina itsala."

Njira zake anazitchula motere. Mizere iwiri imene ndinasesa izulidwe n'kutenthedwa kutali. Madzi a m'ngalande asafikenso kuseri kwa chulu, ndipo a m'chigawo chachikulu akhetsedwe kuti nthaka iumeko. Munthu asalowe m'munda mame asanakamuke, ndipo wochokera ku chigawo chodwala asapite ku cha mbewu asanasambe miyendo ndi kutsuka khasu. Ananenanso poyera kuti sadziwa mankhwala opopera amene angabweze tsamba louma.

Mawa lake bambo anafika ndi thumba la adubu wa ureya, amene a ku Malawi amati feteleza, poganiza kuti mpunga wachikasu ukufuna chakudya. A Tiyu Momade atawaletsa, bambo sanakondwe.

"A motorisita, inu mumadziwa matayala. Ine ndalima ku Shire inu mukuyamwa."

"Thirani achimwene, thirani," anayankha a Tiyu Momade akuseka. "Masamba afewa, abiriwira sabata imodzi, ndipo alendo anu a m'garafa aja akuthokozani chifukwa cha phwando."

Bambo anafuna kupitiriza, koma amayi analankhula motsitsa mawu. "Bambo a Inasiyo, adubuyo kaikeni pa chimanga. Mbewuyi ndinaisenza ndine."

Bambo ananyamula thumba lawo, ndipo nkhani ya ureya inathera pomwepo.

Chilango changa chinali cha mbali ziwiri. Choyamba, ndinazula ndekha mizere iwiri ija, dzuwa lili pamutu. Mpungawo unkaonekabe wabwinobwino, mizu yake yoyera, ndipo phata lililonse limene ndinkazula ndinkalakalaka wina anene kuti basi. Ndinauika m'thumba, n'kukautentha pamodzi ndi tsache. Chachiwiri chinali chovuta koposa. Amayi analamula kuti m'mawa uliwonse ndizikwera pachulu, ndiziyang'ana mpunga wa mbewu mzere ndi mzere, ndipo ndisatsike kufikira mame atakamuka. Manja anga ankayabwa. Ndinkaona fumbi litakhala pamasamba, ndinkaona udzu umene ndikanazula, koma ndinkangokhala manja ali pamaondo.

Pa sabata yachiwiri ndinaona nsonga imodzi yachikasu mumzere woyandikana ndi pamene ndinazula paja. Sindinaikhudze. Ndinadikira dzuwa, n'kukaitana amayi, ndipo tinadula tsambalo n'kuliika m'madzi. Kaulusi kanatuluka. Amayi anazula phata limenelo ndi ena anayi olizungulira. Pambuyo pake mvula inadula, kutentha kwa Tete kunabwerera mwamphamvu, ndipo sindinaonenso chikasu kuseri kwa chulu.

Pokolola, chigawo chachikulu chinatipatsa mankhusu ambiri ndi mpunga wochepa wosweka, umene unatha mwezi usanathe. Chigawo cha mbewu chinatulutsa ndowa ziwiri. Ziputu za chigawo chodwala tinazitentha, udzu wa m'mbali mwa ngalande tinausadza, ndipo nthaka tinaitembenuza kuti ipse ndi dzuwa chilimwe chonse. Chaka chotsatira amayi anatenga ku ofesi ya zaulimi mbewu yopirira ku matendawa n'kubzala kumsewu, monga a Tiyu Momade analangizira, ndipo yawo yonunkhira inakhalabe kuseri kwa chulu. A Tiyu Momade sanadyeko mpunga wa chaka chimenecho. Ntchito yawo itatha anabwerera kwawo, ndipo kufikira lero sindinamvenso za iwo.

Tsiku limene amayi ankathira mbewu m'chitini n'kumata chivundikiro, anandiitana kuti ndigwire chitinicho. Ndinayesa kupepesanso, koma anandidula.

"Manja ako ndi achangu, Inasiyo, ndipo zimenezo si zoipa. Koma uziwauza aziyamba adikira maso."

Pomaliza ndikufuna kunena chimene ndikuchimvetsa tsopano ndili wamkulu. Kwa zaka zambiri ndinkayesa kuti munda umawonongedwa ndi munthu waulesi kapena wa mtima woipa. Ine sindinali wotero. Ndinkadzuka m'mawa kuposa ana onse a ku Matundo, ndinkawakonda amayi, ndipo khama lomwelo ndi limene linanyamula matenda mzere ndi mzere. Mnyamata waulesi akanagona masiku anayi amenewo, mpunga wambiri ukanatsala. Sindikulemba izi pofuna kuyamikira ulesi. Ndikulemba kuti aliyense amene waona chinthu chikuwonongeka, ndipo mtima ukumukankha kuti achitepo kanthu msanga, ayambe wafufuza chimene chikuwononga, ngakhale anthu onse atagwirizana kale za yankho lake. Kufufuzako kwa ife kunatenga mphindi zochepa chabe, ndipo zinatsala pang'ono kuti mbewu imene inapulumuka nkhondo ithere m'manja mwa mwana amene ankafuna kuithandiza.