Filimu ya Okumba ndi Supuni Inafika ku Massangulo

Tinanyamuka ku Cuamba dzuwa litangotuluka, Lachiwiri lina m'nyengo ya mango, nkhondo ili pakati. Masiku amenewo galimoto sinkayenda yokha. Tinkayenda pa koluna, ndiye kuti mdipiti wa malole woperekezedwa ndi asilikali, ena kutsogolo ena kumbuyo. Lathu linali lodzaza matumba a mchere. Woyendetsa anakana ndalama, nati ndalama sachapira zovala. Ndinamupatsa mtanda wa sopo, iye n'kundilozera pamwamba pa matumba.

Ine ndinali mphunzitsi ku Cuamba, koma banja langa linali ku Massangulo. Msewu utayamba kuopsa ndinatha chaka ndi miyezi osapitako, ndipo mwana wathu Lusiya anabadwa ine kulibe. Mwayi unabwera ndi Che Saide, bambo wamfupi wa ndevu zoyera amene ankayenda m'maboma kuonetsa kanema. Filimu imene anali nayo inali ya chiyankhulo chakutali, mawu a Chipwitikizi atalembedwa m'munsi. Ankafuna munthu wowerenga msanga n'kumamasulira mokweza m'Chinyanja. Ndinavomera asanamalize kufunsa.

"Kodi ndi filimu ya nkhondo?" ndinawafunsa lole likutuluka m'tauni.

"Ndi ya anthu okumba pansi, aphunzitsi. Nkhondo imangomveka patali. Zokoma zonse anatenga anzanga, ine anandisiyira iyi."

Anali atafukata makina awo pamiyendo ngati khanda. Injini ya magetsi, nsalu yoyera ndi zitini zitatu za filimu zinali pamapazi panga.

Tinkayenda liwiro la munthu wopita kumadzi. Asilikali ankatsogola wapansi kufufuza mabomba okwirira, ndipo lole lililonse linkaponda ndendende m'mapazi a linzake. M'mbali mwa msewu munali magalimoto opsa. M'kati mwa lina munamera dzungu lathanzi, litayanga pa chiwongolero. Mayi wina amene ananyamula bakha analiyang'ana mpaka kukhota khosi, nati, "Ndiwo zonsezo zikungowonongeka."

Cha m'ma leveni koloko kunamveka kuphulika kutsogolo. Sindikudziwa mmene ndinatsikira. Ndinangopezeka chafufumimba m'ngalande, bakha ali pamsana panga, ndikuganiza kuti ndifa osaona nkhope ya mwana wanga. Patapita kanthawi msilikali anadutsa akuseka. Linali tayala la lole lachitatu. Titadzuka tinaona Che Saide ali pamwamba pomwe paja, maso ali tseke, makina ali m'manja.

"Bwanji simunadumphe?"

"Ndikanadumpha nawo akanasweka. Ndikanawasiya, ndikanakayankha chiyani?"

Pokonza tayala tinadya chinangwa chootcha ndi mtedza. Pa mlatho wa Lugenda tonse tinatsika n'kuwoloka wapansi, malole akubwera limodzilimodzi. Tinalowa m'Mandimba dzuwa lili pafupi kulowa, tili oyera ndi fumbi, ndipo tinagona pakhonde la sitolo ina yotsekedwa.

M'mawa ndinathamangira kumsika. Kunali shuga wochokera kutsidya kwa malire, nsomba zouma za ku nyanja ya Amaramba, ndi kaunjika pang'ono. Ndinaima pa mayi wogulitsa timadiresi.

"Mwanayo ndi wamkulu bwanji, bambo?"

Ndinatambasula manja, kenako n'kuwabweza pang'ono, kenako n'kutambasulanso. Mayiyo anandiyang'ana nthawi yaitali.

"Simunamuonepo eti? Tengani kakakuluka. Ana sabwerera m'mbuyo."

Kuchokera ku Mandimba msewu umakwera, mphepo n'kuyamba kuzizira. Minda ya fodya imene ndinkaidziwa inali itasanduka tchire, chifukwa anthu anasamukira pafupi ndi mishoni. Masana tinaona tchalitchi cha ku Massangulo. Mayi a Lusiya anali m'gulu la anthu odikira koluna, mwana ali kumsana. Anagwada n'kundipatsa moni ngati ndachokera kumunda. Lusiya atandiona analira mpaka agalu kuuwa. Kadiresi kanamufika m'mapazi.

Kanema tinaonetsa Lachinayi masana, chifukwa kusonkhana kutada kunali koletsedwa. Tinatseka mawindo a kalasi yaikulu ya pasukulu ya mishoni ndi mphasa. Anthu anadzaza mpaka ena kukhala pamiyendo ya anzawo. Ine ndinaima pambali pa nsalu n'kuyamba ntchito yanga.

Filimuyo inali ya makedzana. Azungu ovala zipewa zazikulu ndi makabudula ofika m'maondo ankakumba mudzi wakale wokwiririka mumchenga, kwinaku mizinga ikumveka kuseri kwa mapiri. Koma kukumba kwake. Mkulu wawo, bambo wa mimba yake, anagwada pansi n'kutulutsa kasupuni ndi kaburashi, n'kuyamba kupalasa dothi ngati akuchotsa kachitsotso m'diso. Kalasi yonse inagwa ndi phwete.

"Aphunzitsi, auzeni abwereke khasu langa," anatero bambo wina kumbuyo.

"Ameneyu atakwatira kwathu, tingafe ndi njala," anayankha mayi wina.

Ndinayesa kumasulira kuti akuopa kuswa zinthu zakale, koma mawu anga anamira m'phokoso. Che Saide ankangogwedeza mutu akumwetulira. Atafukula mtsuko wong'aluka azungu aja n'kuyamba kukumbatirana, anthu anawomba m'manja monyogodola.

Chitini chachitatu chinasintha zinthu. Nkhondo inayandikira, ndipo okumba aja anauzidwa kuti athawe. Sakanatha kunyamula zonse. Anakulunga mitsuko m'nsalu, n'kuibwezera m'dzenje, n'kukwirira, mkulu uja akuwerenga mapazi kuchokera pamwala wina kuti adzakumbukire malo. Kuseka kuja kunatheratu. Palibe anafunanso womasulira. Pafupifupi aliyense mmenemo anali atakwirirapo kanthu asanathawe kumudzi: mbale, njinga, makasu, mbewu. Mayi a Lusiya anandiuza pambuyo pake kuti makina awo osokera ali pansi pa mtengo wa mango kwathu, mapazi asanu ndi atatu kuchokera pa tsinde.

Anthu akutuluka, mayi wina wamtali anandiimitsa. Anali Abiti Amadu, woumba mbiya amene aliyense ku Massangulo ankamudziwa.

"Aphunzitsi, zoterezi ndi zofunika kuonetsa pansalu? Bwerani mawa muone zathu."

M'mawa mwake anatitsogolera ine ndi Che Saide kuseri kwa sukulu, kumene anthu anakumba ngalande yobisalamo zikavuta. Inali yofika m'chifuwa. Cha pansi pake dothi lofiira linkatha, n'kuyamba mzere wakuda wa makala, ndipo m'mzeremo munali mapale. Abiti Amadu anatsikamo, n'kuyamba kusolola limodzi ndi kamtengo, pang'onopang'ono.

"Dzulo munkaseka supuni," anatero Che Saide.

"Ndinkaseka mwamunayo, osati supuni."

Anapukuta phalelo ndi nsalu yawo n'kutionetsa. M'khosi mwake munali timizere topingasa ndi timadontho, tosiyana ndi ta mbiya zathu.

"Mayi anga sankalemba chonchi. Agogo anganso ayi. Dothi ndi lomweli la kudambo kwathu, ndikulidziwa. Koma dzanja ndi la wina."

Anatembenuza phale lija. M'kati mwake munali podinda chala, pamene woumbayo anagwira dothi likadali lofewa. Anaikapo chala chawo chachikulu, ndipo chinakwana ngati anayezera. Anaseka pang'ono, mwamanyazi, n'kutipatsa kuti nafenso tiyese. Changa chinali chonenepa.

Ndinafunsa ngati ndingatenge phale limodzi kukaonetsa ana asukulu ku Cuamba. Anakana mwaulemu. Anati lidzasweka pa lole, ndipo eni ake sanatitume. Analibwezera pamalo pake n'kumata ndi dothi. "Nkhondo ikadzatha mudzabwere ndi odziwa. Ine ndidzawasonyeza."

Koluna yobwerera inadutsa patatha masiku anayi. Pofika tsiku limenelo Lusiya anali atayamba kulola kuti ndimunyamule, malinga mayi ake ali pafupi. Ndili pamwamba pa lole ndinkaganiza za munthu uja wa chala chaching'ono. Nayenso mwina anathawapo nkhondo yake, n'kusiya mbiya pamoto. Koma padambo lomwelo anthu akukumbabe dothi n'kumaumba. Kwa nthawi yoyamba m'zaka zimenezo ndinakhulupirira ndi mtima wonse kuti nkhondo yathu nayonso idzatha, ndipo ku Massangulo kudzakhala kuli anthu.