Chaka Chimene Ndinataya Chifukwa cha Atchete

Ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri, asilikali atangobwerako kunkhondo, pamene kwathu ku Namitete kunafika mzungu wojambula kanema wa mbalame. Aphunzitsi athu a pasukulu ya mishoni, a Mwale, ndiwo ankamutanthauzira, ndipo anasankha ine kuti ndizimulondolera ku zisa, poti dambo lonse ndinkalidziwa chifukwa cha legeni.

Mzunguyo luso anali nalo, pamenepo sindimunamizira. Ankatha kukhala m'bango m'mawa wonse, udzudzu ukumudya, kudikira kuti dzuwa lifike bwino pa nthenga zachikasu za atchete, kenaka n'kumapukusa makina ake pang'onopang'ono. Tsiku lina anandilola kusuzumira pagalasi. Mbalame imene ndinkaigenda masiku onse ndinaiona ikupisa udzu ndi mlomo ngati mmisiri wa dengu, mpaka ndinachita manyazi.

Tsiku lachitatu mzungu uja anawerengera a Mwale mawu amene adzamveke m'kanemamo. Akuti taonani mayi wachikondi akulukira ana ake nyumba. A Mwale anayamikira, n'kunditanthauzira kuti nane ndimve kukoma kwake.

Ine ndinati limenelo ndi bodza. Woluka chisa ndi wamphongo, wakuda kumasoyu. Wamkazi amangobwera kudzayendera, ndipo akachikana, wamphongoyo amaphwasula yekha n'kuyambanso. Mwana aliyense woweta mbuzi ankadziwa zimenezi, ngakhale a Mwale amene.

"Khala chete, iwe. Mzungu satsutsidwa pamaso," anatero motsitsa mawu.

"Ndiye muuzeni ndinu, aphunzitsi."

Anatembenukadi kwa mzungu uja, koma Chingerezi changa chochepacho chinakwana kumva kuti akumuuza kuti mwanayu wakondwa nawo mawuwo. Ndinakuwa, ndikuloza mbalame ija, kuti uyo ndi bambo, si mayi. Atchete onse anabalalika, ndipo khofi la a Mwale linandigwetsera m'matope. Anandilamula kuti mawa ndidzagwade pamaso pa ana onse n'kuvomera kuti ndinanama, apo ayi pasukulu ndisadzapondeponso.

Bambo anga, amene anali mkulu wa mpingo, anandikhazika pansi pa chigafa cha fodya n'kundiuza kuti mbalame sidzandilembera kalata ya ntchito. Ankanena zoona, ndipo ndinkadziwa.

M'mawa mwake ndinagwada. Ndinapepesa chifukwa chokuwa pamaso pa akuluakulu. A Mwale anadikira zotsalazo, ndodo ili m'manja.

"Nanga za chisa, ukuti bwanji?"

"Woluka ndi wamphongo, aphunzitsi."

Ndinatuluka ndi sileti yanga kukhwapa. Chaka chathunthu ndinakhala ndikusoka fodya, kufikira amalume atanditengera ku Kabudula kumene ndinayambiranso sukulu. Kanema uja sindinamuone, ndipo sindidziwa ngati mawu aja anasinthidwa.

Lero ndikumvetsa kuti a Mwale ankateteza ntchito yawo, ndipo sindiwasungira chakukhosi. Koma ndikumvetsanso kuti chithunzi chikakongola kwambiri anthu sachifunsa mafunso, n'chifukwa chake bodza loikidwa pa chithunzi chokongola limayenda mtunda wautali. Wojambula chilengedwe alibe ufulu wopatsa mbalame khalidwe limene iye walikonda. Mtima wanga wapachalawu wanditayitsa zambiri zimene ndimadandaula nazo, koma chaka chija sichili m'gulumo.