Nkhope za pa Kaseti

Chaka chimene tinkalimbirana zipani zambiri, ndinali ndi kachisakasa koonetseramo mafilimu a nkhonya ku Dambwa, pafupi ndi mathithi a Mosi-oa-Tunya. Wailesi ya boma sinkatchula n'komwe misonkhano ya otsutsa. Ndiye mkulu wina wojambula maukwati anakajambula msonkhano wawo, n'kundipatsa kaseti. Anthu ankadzaza mpaka pakhomo kudzaona zimene wailesi inkabisa.

Masana ena analowa anyamata a chipani cholamula, atanyamula zibonga ndi matcheni a njinga. Ndinkayesa aswa TV. Ayi ndithu, anakhala pabenchi.

"Ikani ija ya msonkhano, ba mudala," anatero mtsogoleri wawo, wachipsera pamlomo.

Za zolankhula analibe nazo ntchito. Maso awo anali pa khamu la anthu.

"Imikani apo! Bwezani kumbuyo. Uja ni wogulitsa malasha pa maketi, si ndiye?"

Awiri anatuluka. Pasanapite nthawi tinamva munthu akukuwa cha kumsika, kenaka zii. Anabwerako tcheni chikudontha magazi, n'kukhalanso pabenchi ngati aphonya pang'ono filimu.

Kale munthu unkakuwa pamsonkhano n'kubwerera kwanu, mawu atapita ndi mphepo. Tsopano nkhope yako inkaima pagalasi, kukamwa kuli yasa, kudikira chala chokuloza.

Kasetiyo ndinkaidziwa bwino. Ikangodutsa lole ya zimkuzamawu, pankabwera mlamu wanga, wosema ziboliboli ku Mosi-oa-Tunya, akuvina pamwamba pa mgolo, nkhope yonse poyera. Mkazi wake, mlongo wanga, anali ndi pakati.

Lole ija inaoneka. Ndinanyamula deki yoseweretsera kaseti, mawaya n'kuduka, n'kuimenyetsa pansi. Ndinaipondaponda mpaka kaseti inatuluka matumbo, tepi n'kuidula ndi mano.

"Iwe Munyasa, wafuntha?" anakuwa mtsogoleri wawo, ponditchula dzina limene ankatipatsa ife obwera m'dzikomo.

Tcheni chinandipeza pakhutu. Wachipsera uja ndinamugwira pakhosi, ndipo sindinamusiye mpaka chibonga chitandithyola dzanja. Anandigwetsa, n'kumandiponda ndi majombo kumaso. Mano anga akutsogolo anatsala m'fumbi pamodzi ndi magalasi a TV imene inasweka pa ndewuyo. Khutu lakumanzere silimva mpaka lero.

Mlamu uja anabwera kuchipatala m'mawa mwake, wathunthu, wopanda ngakhale kabala. Anayang'ana mabandeji anga, n'kupukusa mutu.

"Ba mulamu, zoona mwaphwanya kaseti? Ine nikalibe kuziona pa TV mwamene nenze kuvinira!"

Ndinamugenda ndi kapu ya pambali pa bedi, ndi dzanja limene linatsala labwino. Sindinaphonye.