Maliro a Mlamu wa ku Germany

Kwa zaka zingapo, Loweruka lililonse m'mawa ndinkakhala pa TV kuonera wosewera wina wa ku Germany akumwetsera zigoli timu yanga. Ndinkamutchula kuti mlamu, ngakhale iye sankandidziwa n'komwe. Ndiye tsiku lina mlamuyo anasamukira ku timu imene ndimadana nayo kwambiri.

Mawa lake titangoweruka ku tchalitchi, magalimoto atatu ochokera ku mzinda wa South Bend anaima pakhomo panga ku Beech Grove, kuno kunja kumene tikukhala. Anzanga akwathu anatsika atazyolika, akazi awo atamanga zitenje. Anandipatsa moni wa m'manja mmodzimmodzi, n'kukhala pansi chete. Wamkulu wawo anatsokomola pang'ono n'kunena kuti, "Pepani achimwene, tamva zovutazi. Kodi anadwala nthawi yaitali?"

Ndinangotsala pang'ono kuwathamangitsa ndi tsache. Koma mayi wachizungu woyandikana nafe anali ataona zonse pawindo. Anagogoda atanyamula mbale ya makaroni, maso ali ofiira, n'kufunsa kuti wamwalira ndani.

Palibe amene analimba mtima kumuuza zoona. Mkazi wanga anangolandira mbaleyo ndi manja awiri n'kundiloza. "Mlamu wawo," anatero.

Ndipo ine, bambo wa ana atatu, ndinaliradi.